Tiuzeni mtengo wonse wa ngongole ya nyumba tisanasaine

Kwa Bwana Gavanala wa Reserve Bank of Malawi, Olemekezeka a Nduna ya Zachuma, ndi mabwana nonse oyendetsa mabanki m'dziko muno,

Ndakulemberani pa nkhani ya ngongole za nyumba. Pempho langa ndi limodzi, ndipo silifuna ndalama ya m'bajeti kapena thandizo la mayiko akunja. Munthu asanasaine ngongole ya nyumba, banki izimupatsa pepala limodzi lokha, m'chinenero chomwe amayankhula kunyumba kwake, lomuuza ndalama zonse zomwe adzakhale atapereka pofika tsiku lomwe ngongoleyo idzathe. Chiwerengero cha pamwezi chokha sichikwanira. Lero munthu amatuluka m'banki akudziwa zomwe azidulidwa mwezi ndi mwezi, koma mukamufunsa kuti nyumbayo imudyera ndalama zingati zonse pamodzi, amangokuyang'anani.

Ine ndine mphunzitsi wa masamu ku sekondale. Chifukwa cha ntchito imeneyi, abale ndi anzanga amabwera kwa ine ndi mapepala a kubanki kuti ndiwawerengere. Ambiri amabwera atasaina kale.

Tiyeni tiwerengere limodzi, ngakhale ndikudziwa kuti masamu amenewa inu mumadya nawo. Mbali yaikulu ya chaka cha 2024, reference rate, yomwe mabanki amayambirapo poika chiwongoladzanja, inkazungulira pa 25 peresenti. Banki iliyonse imaonjezerapo kake pamwamba. Tingoti yaonjezera 3, zakwana 28 peresenti pachaka. Munthu wabwereka K50 miliyoni, ndalama yomwe masiku ano sigula nyumba yoti n'kudzitama nayo ku Lilongwe kapena ku Blantyre, ndipo wapatsidwa zaka 20 zobwezera. Pamwezi azipereka pafupifupi K1,171,300. Miyezi yake ndi 240. Chiwongoladzanja chikakhala pomwepo osasuntha, pomaliza adzakhala atapereka K281 miliyoni. Wabwereka 50, wabweza 281.

Chiwerengero chimenechi n'chowopsa, koma chomwe chimawagwetsa ulesi anthu ndi momwe ndalama ya pamweziyo imagawidwira. Mwezi woyamba, pa K1,171,300 ija, pafupifupi K1,166,700 imapita ku chiwongoladzanja. Yomwe imachepetsa ngongole yeniyeniyo ndi K4,600 yokha, yosagula n'komwe thumba la simenti. Pakatha zaka 5 munthuyu amakhala atapereka K70 miliyoni, kuposa yomwe anabwereka, koma ngongole yake imakhala ikadali pa K49.4 miliyoni. Pakatha zaka 10 wapereka K140 miliyoni, ngongole ili pa K47 miliyoni. Pakatha zaka 15 ikadali pa K37.6 miliyoni. Ngongole imayamba kutsika mooneka m'zaka zomalizira zenizenizo, mwini wake tsitsi litayera.

Palibe kuba apa, ndipo sindikunena kuti mabanki akuphwanya lamulo. Chiwongoladzanja amachiwerengera pa ndalama yomwe yatsala, ndiye poyambirira, pomwe yotsalayo ili yambiri, chimameza pafupifupi zonse zomwe munthu wapereka. Ndi mmene ngongole zotere zimayendera kulikonse. Kusiyana kwake n'kwakuti kumene chiwongoladzanja chili 5 kapena 6 peresenti, zimenezi sizipweteka kwambiri. Pa 28 peresenti zimasanduka nkhani ina.

Mlamu wanga anabwera kunyumba Lamlungu lina titaweruka kutchalitchi, atanyamula masitetimenti a kubanki m'jumbo. Anawayala pa tebulo motsatana miyezi yake, n'kuloza ndi chala pa mzere wa ndalama yotsala. "Alamu, taonani apa. Anthuwa alakwitsa. Chiyambireni sindinaphonyepo mwezi, koma ngongole ili pomwe ija." Anali atakonzeka kale kukakalipa kubanki m'mawa mwake. Ndinatenga kakyuleta, tinayenda mzere ndi mzere mpaka tiyi anazizira. Panalibe cholakwika. Ndinamuuza choncho. Anakhala chete, kenako anafunsa kuti, "Nanga bwanji sanandiuze?" Ndinamuonetsa kuti zinalembedwa, mkati mwa mapepala ambirimbiri a Chingerezi cha maloya omwe anasaina. Mlamu wangayu si mbuli. Sukulu anapita, ntchito yake ndi yabwino, n'chifukwa chake banki inamukhulupirira. Koma palibe amene anamuikira chiwerengero chonse patsogolo pake tsiku losaina lija, ndipo iye maganizo ake onse anali pa makiyi.

Tsopano imvani chomwe chimandiwawa kwambiri, chifukwa apa ndi pomwe kusauzidwa kumadyetsa munthu mamiliyoni. Anthu amasankha zaka zambiri zobwezera poganiza kuti zipepuka pamwezi. Nawonso ogwira ntchito kubanki nthawi zina amalimbikitsa zomwezo, mwina ndi mtima wabwino. Koma K50 miliyoni yomwe ija, pa 28 peresenti yomweyo, munthu akaitenga kwa zaka 10 m'malo mwa 20, pamwezi amapereka pafupifupi K1,244,800. Kusiyana kwake ndi K73,500 basi. Zonse pamodzi amapereka K149 miliyoni m'malo mwa K281 miliyoni. Ndiye kuti pofuna kupepukidwa ndi K73,500 pamwezi, munthu amavomera kuonjezera zaka 10 za ukapolo ndi ndalama zoposa K130 miliyoni. Ndani angasankhe zimenezi ataziona zitalembedwa mbali ndi mbali? Pa chiwongoladzanja chokwera chonchi, kutalikitsa zaka kumathandiza banki, osati wobwereka, ndipo inu mukudziwa.

N'chimodzimodzinso kuonjezera kangachepe pamwamba. Munthu wa ngongole ya zaka 20 uja atamaonjezera K20,000 yokha mwezi uliwonse, ndalama yomwe ena amathera pa mayunitsi a foni, ngongole yake ingathe m'zaka 14, ndipo angapulumutse pafupifupi K80 miliyoni. Izi zimatheka pokhapokha ngati banki ikulandira ndalama yoonjezerayo n'kuichotsa pa ngongole yeniyeni nthawi yomweyo, osati kuisunga ngati malipiro a mwezi wa mawa, komanso ngati palibe chilango cha kubweza msanga. Mwa anthu omwe ndawawerengera mapepala awo, ndi ochepa amene ankadziwa ngati mgwirizano wawo ukulola zimenezi.

Zonse ndanenazi ndawerengera ngati kuti chiwongoladzanja chimakhala malo amodzi. Bwana Gavanala, inu ndi amene mukudziwa bwino kuti sichikhala. Mu 2021 policy rate, chiwongoladzanja chomwe Reserve Bank imaika ndipo reference rate imachitsatira, inali 12 peresenti. Mu 2022 inakwera kufika 14, kenako 18. Mu 2023 inafika 22, kenako 24, ndipo kumayambiriro kwa 2024 inafika 26. M'zaka zomwezo kwacha inagwetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, ndiponso ndi 44 peresenti mu Novembala 2023. Zifukwa zake munazifotokoza, ndipo kalata ino si yotsutsana nazo. Koma taganizirani munthu amene anatenga K50 miliyoni mu 2021, reference rate ili cha m'ma 12, n'kupatsidwa 15 peresenti kwa zaka 20. Anayamba ndi K658,000 pamwezi. Anawerengera malipiro ake, fizi ya ana, chakudya, n'kuona kuti akwanitsa. Pofika 2024 ngongole yomweyo inkafuna pafupifupi K1,140,000 pamwezi. Nyumba ndi yomweyo, zipinda sizinaonjezereke, denga likudontha pomwe linkadontha. Iye sanabwerekenso ngakhale tambala. Mgwirizano wake unali ndi mzere umodzi wonena kuti chiwongoladzanja chizitsatira reference rate, ndipo mzere umenewo ndi umene unamuonjezera pafupifupi theka la miliyoni mwezi uliwonse, pa nthawi yomwe ufa, mafuta ndi fetereza zinali zitakweranso.

Reference rate inabwera mu 2019 kuti anthu aziona poyera pomwe chiwongoladzanja chikuchokera, ndipo imalengezedwa mwezi ndi mwezi. Chimenecho chinali chinthu chabwino. Koma kudziwa kuti mwezi uno ili pa 25 sikuuza munthu kuti ikakwera ndi 5 iye adzadulidwa zingati. Pa chitsanzo chathu choyamba chija, kuchoka pa 28 kufika pa 33 peresenti kumaonjezera ndalama zoposa K200,000 pamwezi. Chiwerengero chimenecho ndi chomwe banja liyenera kukambirana usiku lisanapite kukasaina.

Palinso timalipiro tam'mbali tomwe timatulukira kamodzikamodzi munthu atalowa kale m'kati. Ndalama yokonzera ngongole, ya katswiri woyeza mtengo wa nyumba, ya loya, ya msonkho wa sitampa, yolembetsera chikole ku ofesi ya za malo, inshuwalansi ya moto, inshuwalansi ya moyo yoti ngongole idzalipidwe mwini wake akamwalira. Kunja kwa banki kukudikira ground rent ya malo a lizi ndi msonkho wa khonsolo. Zina mwa izi n'zofunika ndithu. Inshuwalansi ya moyo yapulumutsa amasiye ambiri kuti asatulutsidwe m'nyumba. Vuto ndi pamene wobwereka alibe ndalama m'manja ndipo timalipiroti taphatikizidwa ku ngongole. Pa 28 peresenti kwa zaka 20, K1 miliyoni iliyonse yophatikizidwa motero imadzabwezedwa ngati K5.6 miliyoni. Munthu amathokoza kuti banki yamukomera mtima, osadziwa mtengo wa chifundo chimenecho.

Ndipo zikavuta, ntchito yatha kapena matenda alowa m'nyumba, mapeto ake timawaona m'nyuzipepala, m'masamba aja a zidziwitso zogulitsa nyumba. Nambala ya poloti, dera, zipinda zitatu, mpanda wa njerwa. Lamulo limalola banki kugulitsa chikole pambuyo popereka chidziwitso, ndipo n'zomveka, chifukwa ndalama zomwe amabwereketsa ndi za anthu ena osunga. Koma amene walephera m'chaka chachisanu atapereka K70 miliyoni amaganiza kuti gawo lalikulu la nyumbayo ndi lake. Amadzidzimuka kumva kuti banki ikufunabe K49 miliyoni, kuonjezapo chiwongoladzanja cha chilango ndi ndalama za maloya ndi ogulitsa. Nyumba ikagulidwa motchipa, akhoza kutsala wopanda nyumba koma ali ndi ngongole, dzina lake lili ku credit reference bureau, bungwe losunga mbiri ya ngongole za anthu.

Ndikudziwa yankho lomwe akatswiri anu a zachuma angapereke, ndipo lili ndi nzeru. Adzati K281 miliyoni ija ikungoopsa papepala, chifukwa mitengo ya zinthu ikamakwera ndi 30 peresenti pachaka monga zinalili mu 2024, K1,171,300 ya zaka 15 zikubwerazi idzakhala ndalama yochepa, pomwe mtengo wa nyumbayo udzakhala utakwera. Adzatinso banki singabwereketse pansi pa kukwera kwa mitengo popanda kudya ndalama za osunga. Zoona. Wobwereka amene wapirira mpaka kumapeto nthawi zambiri amapindula ndi kugwa kwa kwacha. Koma phindu limenelo limafika kwa yekhayo amene malipiro ake akukwera limodzi ndi mitengo, ndipo aphunzitsi, anamwino ndi apolisi angakuuzeni kuti malipiro amatsalira kumbuyo. Chachiwiri, ululu wonse umaunjikana m'zaka zoyambirira, zomwe ndi zaka zomwe anthu amagwera. Chachitatu, mitengo ikakwera banki imadziteteza pokweza chiwongoladzanja, pomwe wobwereka alibe pothawira. Ngati mfundo ya akatswiriyi ili yoona, iikeni nayonso pa pepala lomwelo, munthu aiganizire yekha. Musabise chiwerengero chifukwa choopa kuti achimva molakwika.

Olemekezeka a Nduna, mbali yanu ndi iyi. Boma likamabwereka m'mabanki a m'dziko momwemuno pa chiwongoladzanja cha m'ma 26 peresenti, monga zinkachitikira ndi ma Treasury bill a chaka chimodzi mu 2024, palibe banki ingabwereketse mphunzitsi pa 15. Ingachite bwanji, pomwe boma likulipira zambiri ndipo silifa, silichotsedwa ntchito? Ngongole ya boma ndi imene imaika pansi pomwe ngongole zathu zimayambira. Dziko lino linayamba ndi maganizo ena. Mu 1964 kunakhazikitsidwa Malawi Housing Corporation kuti izimanga nyumba za anthu, ndipo chaka chomwecho kunabwera New Building Society, yomwe ntchito yake inali kusunga ndalama za anthu ndi kubwereketsa zogulira nyumba. Mu 2004 inasanduka banki ngati ena onse. Pa 28 peresenti ija, banki ikati ndalama yodulidwa isapitirire gawo limodzi mwa magawo atatu a malipiro, K50 miliyoni ija ikufuna munthu wolandira K3.5 miliyoni pamwezi. Malipiro otsikitsitsa ovomerezeka ndi boma mu 2024 anali K90,000. Werengani nokha kuti ngongole ya nyumba yatsalira anthu angati.

N'chifukwa chake Amalawi ambiri amamanga pang'onopang'ono. Chaka chino poloti, chaka chamawa maziko, kenako mpaka pa windo, nyumba n'kukhala zaka zingapo ikudikira malata. Ku Njewa, ku Chileka, ku Mpemba, kulikonse kumene tauni ikukulira, nyumba zosafolera zili mbwee. Eni ake nawonso amabwereka, kungoti amabwereka zing'onozing'ono: ku SACCO, ku mabungwe obwereketsa ndalama zodula ku malipiro, ku banki mkhonde, ena mpaka kwa akatapila. Kumeneku kuli msampha wina umene ukufunika diso lanu, Bwana Gavanala, popeza lamulo la Financial Services Act la 2010 linakupatsani udindo woyang'anira mabungwe azachuma, osati mabanki okha. Ena amawerengera chiwongoladzanja pa ndalama yonse yomwe munthu anabwereka poyamba, kuyambira mwezi woyamba mpaka womaliza, ngakhale theka atabweza kale. Munthu wabwereka K1 miliyoni yogulira malata, wauzidwa kuti ndi 5 peresenti pamwezi kwa miyezi 12. Abweza K1.6 miliyoni. Ikanawerengeredwa pa ndalama yotsala monga amachitira pa ngongole ya nyumba, imeneyo ndi pafupifupi 8 peresenti pamwezi. Obwereketsa awiri akhoza kunena "5 peresenti" onse, wina akudula kwambiri kuposa mnzake, ndipo wobwereka alibe njira yowasiyanitsira. Chiwerengero cha ndalama zonse zobweza ndi chokhacho chomwe sichinama.

Mwina mudzati malamulo ouza mabanki kuti aziulula mitengo yawo alipo kale, ndipo kuti safunsa anadya phula. Koma munthu amafunsa chomwe akuchiganizira kuti chilipo. Amene sanaphunzirepo kuti zaka 10 ndi zaka 20 zimasiyana K73,500 pamwezi koma K130 miliyoni pamapeto, funso limenelo lingamubwerere bwanji? Ndipo kuulula kolembedwa m'Chingerezi cha maloya pa tsamba la khumi ndi chisanu, koperekedwa tsiku losaina, cholembera chili kale m'manja, ine sindikuwerengera ngati kuulula. Mabanki omwewa akamatsatsa ngongole pa wailesi amayankhula Chichewa chomveka bwino, chanthabwala zake. Chichewa chimathera pa khomo la ofesi ya ngongole.

Abale athu okhala ku Johannesburg ndi ku Cape Town amene anatengako ngongole kumeneko amadziwa kuti zimatheka. Lamulo la ku South Africa la National Credit Act la 2005 limakakamiza wobwereketsa kupereka pepala la mtengo munthu asanasaine, losonyeza ndalama yobwerekedwa, chiwongoladzanja, malipiro ena onse ndi ndalama zonse zobweza, ndipo mtengowo umakhala womangika kwa masiku asanu ogwira ntchito kuti munthu akaganize ndi kuyerekeza ndi kwina. Sindikupempha kuti muike malire pa chiwongoladzanja. Nkhani imeneyo inafika ku Nyumba ya Malamulo mu 2018 ndipo sinaphule kanthu. Ku Kenya anayesa mu 2016, mabanki anangochepetsa kubwereketsa anthu wamba, mpaka lamulolo linachotsedwa mu 2019. Zomwe ndikupempha ine n'zofewa kuposa pamenepo.

Pepala lake likhale limodzi, lofanana maonekedwe m'mabanki onse kuti munthu athe kuika awiri pa tebulo n'kuona kusiyana. Pamwamba penipeni, m'zilembo zikuluzikulu, palembedwe ndalama yobwereka ndi ndalama zonse zobweza, kuphatikizapo inshuwalansi ndi timalipiro tonse tija. Pansi pake pakhale mizere yosonyeza ngongole yotsala pakatha zaka 5, 10 ndi 15. Pakhalenso ngongole yomweyo itawerengeredwa pa zaka zocheperapo, ngakhale munthuyo sanafunse. Palembedwe zomwe azidulidwa chiwongoladzanja chikakwera ndi 5 kapena ndi 10, poti taziona zikuchitika m'zaka zitatu zokha. Panenedwe mosapsatira ngati kubweza msanga kuli ndi chilango, ndi zomwe zimachitika munthu akaphonya miyezi. Likhale m'Chichewa, m'Chitumbuka, m'Chiyao kapena m'Chingerezi monga mwini wake wasankhira, ndipo apite nalo kunyumba kwa sabata imodzi asanaloledwe kusaina. Ngati nyumbayo ndi ya banja, mkazi kapena mwamuna wake alione, chifukwa ikadzagulitsidwa adzatuluka onse.

Kompyuta za mabanki zimatulutsa kale ziwerengero zonsezi m'kanthawi kochepa. Palibe ntchito yatsopano apa kupatula kusindikiza ndi kumasulira kamodzi. Kwa amene ali kale m'ngongole, banki izitumiza uthenga pafoni nthawi iliyonse chiwongoladzanja chikasintha, wonena ndalama yatsopano ya pamwezi, yotsala, ndi chaka chomwe ngongole idzathe, m'malo moti munthu adziwire pa peyisilipi. Reserve Bank nayo ingathe kumasindikiza m'nyuzipepala, miyezi itatu iliyonse, zomwe banki iliyonse ingalipiritse zonse pamodzi pa ngongole ya K50 miliyoni ya zaka 10 ndi ya zaka 20, mayina a mabanki ali pamzere. Mpikisano womwe mumaulakalaka uja ungayambire pamenepo.

Kwa inu mabwana a mabanki, ndikudziwa kuti ena ataona 281 yolembedwa poyera adzabwerera pakhomo osatenga ngongole, ndipo ena adzasankha zaka 10, phindu lanu n'kuchepa. Koma otsalawo adzakhala anthu odziwa chomwe alowa, ndipo simudzawononga ndalama pa maloya ndi ogulitsa nyumba kuwathamangitsa m'chaka chachinayi. Banki imodzi ingathe kuyamba mwezi wamawa popanda kudikira lamulo. Zikapanda kutero, Bwana Gavanala, mphamvu yolamula mabanki kuti achite zimenezi muli nayo kale, ndipo ndikupempha kuti muigwiritse ntchito.

Ine wanu,
Mphunzitsi wa masamu, Zomba